Mwana Wathu Akafuna Kukwatirana ndi wa Cipembedzo Cina: Kodi Lamulo Likuti Ciani?

Ana athu a ku Shikoswe, Zambia Compound ndi Kafue Estates amaphunzira ndi kugwira nchito pamodzi ndi anzawo a zipembedzo zina, ndipo nthawi zina cikondi cimamera pomwepo. Makolo akamva, ena amathamangira ku polisi, ena amapirikitsa mwana pakhomo. Tisanafike pamenepo, tiyeni tidziwe zimene lamulo la dziko lathu likunena.

Pa 29 December 1991 Pulezidenti Frederick Chiluba analengeza kuti Zambia ndi dziko la Cikristu, ndipo mu 1996 mau amenewa analowa m'ciyambi ca Konsticushoni. Koma Konsticushoni yomweyo, pa Article 19, imapatsa munthu aliyense ufulu wa cikumbumtima, kuphatikizapo ufulu wosintha cipembedzo cake. Conco munthu wamkulu akasankha cikhulupiriro cina, sanapalamule mlandu, ngakhale ife zitipweteke mumtima.

Pa nkhani ya cikwati, lamulo limayang'ana msinkhu wa okwatirana, osati kumene amapemphera. Kuyambira mu December 2023, cikwati ca mwana wosakwana zaka 18 ncoletsedwa, ngakhale cikhale ca mwambo. Wofuna cikwati colembetsa ku boma asanakwane zaka 21 amafunika cilolezo ca makolo. Akapitirira pamenepo, amasankha yekha.

Pamene makolo tiyenera kutsegula maso ndi pa mtundu wa cikwati. Colembetsa pansi pa Marriage Act, kaya ku khonsolo kapena m'chalichi cololedwa ndi boma, ndi ca mwamuna mmodzi ndi mkazi mmodzi. Wotenga mkazi waciwiri cikwatico cikadalipo wapalamula mlandu, ngakhale cipembedzo cake cimulole. Cikwati ca mwambo cimalola mitala, ndipo milandu yake imazengedwa ku Local Court. Mwana wathu adziwe kusiyana kumeneku malowolo asanaperekedwe.

Nanga wina akasintha cipembedzo ali kale m'banja? Matrimonial Causes Act ya 2007 imalola High Court kuthetsa cikwati colembetsa pokhapokha citasweka mosakonzekanso, monga cifukwa ca cigololo, khalidwe losapiririka, kuthawidwa kapena kupatukana kwa zaka. Kusintha cipembedzo pakokha sikuli pa mndandandawo. Za ana, khoti limatsata ubwino wa anawo.

Milandu iwiri ya kunja ikutionetsa kulemera kwa ufulu umenewu. Ku India, mtsikana wamkulu wochedwa Hadiya analowa Cisilamu nakwatiwa ndi Msilamu. Atate ake anasuma, ndipo mu 2017 khoti la ku Kerala linathetsa cikwatico. Mu 2018 khoti lalikulu la dzikolo linacibwezeretsa, ponena kuti munthu wamkulu amasankha yekha womanga naye banja. Ku Sudan, mu 2014, Meriam Ibrahim, wokwatiwa ndi Mkristu, anagamulidwa kuti aphedwe cifukwa cokana kusiya Cikristu, koma pambuyo pake anamasulidwa. Ufulu umene tinafunira Meriam ndi womwewo umene unateteza Hadiya. Sitingaufunire athu okha n'kumana ena.

Izi sizikutanthauza kuti mpingo ukhale cete. Tili ndi udindo wocenjeza ana athu kuti banja la zikhulupiriro ziwiri lili ndi mitolo yake: ana adzapemphera kuti, maliro adzayendetsa ndani, pakhomo padzaphikidwa zotani. Abusa, ankhoswe ndi alangizi akambirane nawo zimenezi poyera, nthawi ikadalipo. Kwa amene ali kale m'banja lotere, mtumwi Paulo pa 1 Akorinto 7 amalangiza wokhulupirira kuti asasiye mnzake wofuna kukhala naye.

Ngati pali umboni wakuti mwana akukakamizidwa, akuopsezedwa kapena sanakwane zaka 18, tipite ku Victim Support Unit ya polisi mwamsanga. Koma ngati wasankha yekha ali wamkulu, tisamutsekere khomo. Mwana wopirikitsidwa akakumana ndi mavuto amasowa kobwerera. Tiyeni timupempherere, timucezere, ndipo adziwe kuti kwawo kukadali kwawo.