Makatuni a ku Japan Atukula Mbiri ya Yasuke wa ku Mozambique

M'chaka cha 1579, wansembe wa Chikatolika, Alessandro Valignano, anafika ku Japan ali ndi wantchito wake wochokera ku Africa. Mu 1581 mtsogoleri wankhondo, Oda Nobunaga, anamutenga munthuyo kuti azimutumikira, namupatsa dzina lakuti Yasuke, nyumba komanso lupanga. Buku lina la mu 1627 limati iye anali wa ku Mozambique, ndipo ena amamuganizira kuti anali Myao. Nobunaga atafa mu 1582, Yasuke sanamvekenso.

Patapita zaka mazana anayi, dzinali lasanduka malonda. Mu April 2021 Netflix inatulutsa katuni ya magawo 6 yotchedwa Yasuke, imene inajambulidwa ndi kampani ya MAPPA ya ku Tokyo motsogozedwa ndi LeSean Thomas wa ku America. M'katuniyo muli maloboti ndi amatsenga, zinthu zimene Nobunaga sanazionepo, choncho wofuna mbiri yeniyeni apezamo zochepa.

Makatuni otere, amene amatchedwa anime, si achilendo kum'mwera kwa Africa. M'zaka za m'ma 2000, ana ambiri ku Mutare ndi m'mizinda ina ya Zimbabwe anakula akuonera Dragon Ball Z pa wailesi yakanema ya SABC ya ku South Africa, kudzera m'madikoda otchipa osalipira mwezi ndi mwezi. Njirayi inatsekedwa mu 2013, koma chidwi sichinathe. Chinangosamukira pa mafoni ndi pa intaneti.

Ndalama zake n'zochuluka. Bungwe la Association of Japanese Animations linati mu 2023 msika wa anime unapitirira 3 thililiyoni yen, ndipo zoposa theka la ndalamazo zinachokera kunja kwa Japan. Pa mafilimu otulutsidwa mu 2020, pamene mliri wa Covid-19 unafooketsa Hollywood, filimu ya Demon Slayer: Mugen Train ndiyo inapeza ndalama zambiri kuposa ina iliyonse padziko. Chaka chotsatira kampani ya Sony inagula Crunchyroll, yoonetsa makatuniwa pa intaneti, pa mtengo woposa madola 1 biliyoni.

Komabe phindulo silitsikira kwa onse. Achinyamata ambiri ojambula zithunzizi ku Tokyo amalipidwa potengera chiwerengero cha zithunzi zimene amaliza, ndipo amagwira ntchito maola ambiri pa malipiro ochepa. Nawo anthu a m'chigawo chimene Yasuke akuti anachokera amafunika kugula bandulo ya intaneti ndi kulipira Netflix kuti aone nkhani ya mbale wawo, yolankhulidwa m'Chingelezi ndi m'Chijapani.