Botolo lotchipa, masupuni 13 a shuga

Ndili ndi okala pamsika wina waung'ono m'boma la Balaka. Chaka chino n'chachisanu ndi chinayi ndikugulitsa sopo, mchere, mafuta ophikira ndi zakumwa zoziziritsa kukhosi. Amene akuidziwa Balaka mwezi wa Okutobala akudziwa kuti ikangokwana 11 koloko m'mawa, munthu safunsanso za sopo, amangoloza filiji. Funso limene ndalimva kambirimbiri n'lakuti, "Chotchipa n'chiti?" Lotsatira n'lakuti, "Chozizira kwambiri n'chiti?" Pazaka zonsezi palibe ndi mmodzi yemwe amene anandifunsapo kuti m'botolomo muli shuga wochuluka bwanji. Ngakhale ine wogulitsane sindinkadziwa, ndipo sindinkaona chifukwa chodziwira.

Mayi akunyumba ndi amene amatsala muokala ine ndikapita kukaoda katundu. Chaka chatha anayamba kudandaula ludzu losatha, ife n'kumati ndi dzuwa. Ludzu likawavuta ankangotsegula filiji, tsiku lina mabotolo awiri, tsiku lina atatu. Ine ndinkangodandaula za phindu limene likuthera pakhosi pawo. Usiku ankadzuka kanayi kapena kasanu kukataya madzi. Kenako anayamba kuonda, mpaka anthu pamsika anayamba kunong'onezana zawozawo. Chimene chinatipititsa kuchipatala ndi kabala kapachala chakuphazi kamene kanatha mwezi wathunthu osapola.

Atawabaya pachala n'kuyeza magazi, namwino anatiuza kuti ali ndi matenda a shuga. Anafunsa ngati kumtundu kwawo alipo wina anadwalapo matendawa, ndipo tinakumbukira kuti apongozi anga aakazi anali nawo. Anatifotokozera bwino kuti matendawa sabwera ndi chinthu chimodzi. Pali za kumtundu, pali kunenepa kwambiri, pali msinkhu, palinso kukhala malo amodzi tsiku lonse osagwiritsa ntchito thupi. Kenako anafunsa kuti, "Amayi, kodi masana mumamwa chiyani?" Atamva yankho anatembenukira kwa ine.

"Abambo, poti ndinu ogulitsa, mukafika kunyumba mukatembenuze botolo muwerenge kumbuyo kwake. Nambala ya shuga imene mukaipezeyo mukaigawe ndi 4. Yankho lakelo ndiwo masupuni."

Madzulo a tsikulo nditatseka okala ndinatenga mabotolo angapo, paketi ya shuga, supuni yaing'ono ya tiyi ndi mbale. Mabotolo ena agalasi analibe zolemba zimenezi, koma apulasitiki ndi zitini zambiri zinali nazo. Pamakhala kabokosi ka timalemba ting'onoting'ono ta Chingerezi, ndipo mzere wofunika ndi umene palembedwa kuti "sugars". Kawirikawiri nambalayo imakhala ya mamililita 100 okha, osati ya botolo lonse, ndiye munthu uyenera kuchulukitsa wekha. Pazakumwa zambiri za gasi zimene zimapangidwa ndi shuga weniweni, nambalayo imakhala magalamu 10 kapena 11 pa mamililita 100 aliwonse. Supuni yaing'ono yosadzaza mwankhuli imanyamula magalamu pafupifupi 4.

Masamu ake ndi a sitandade 5. Botolo la mamililita 300 lili ndi magalamu pafupifupi 32, amene ndi masupuni 8. Botolo la mamililita 500 lili ndi magalamu pafupifupi 53, masupuni 13. Chibotolo cha malita awiri chija timagula pa Khirisimasi chili ndi magalamu oposa 200, masupuni oposa 50. Ndinathira masupuni 13 m'mbale mmodzimmodzi, ana akuwerenga mokweza. Pofika supuni yachikhumi mwana wanga wamkazi anasiya kuwerenga n'kufunsa kuti, "Ababa, ndani angamwe tiyi wotere?" Palibe angamwe. Koma shuga yemweyo akasungunuka m'madzi ozizira, n'kuwonjezeramo gasi ndi kowawasa pang'ono, amatsika kukhosi lilime osadandaula.

Ndinapitiriza masamuwo papepala la ngongole za makasitomala. Munthu womwa botolo limodzi la mamililita 300 tsiku lililonse, pakutha pachaka amakhala atamwa shuga pafupifupi makilogalamu 12. Wa botolo la mamililita 500 amafika makilogalamu 19. Tangoganizani mapaketi 19 a shuga atasanjidwa pashelefu, onsewo a munthu mmodzi, tisanawerengere wam'tiyi, wam'phala ndi wam'mandasi.

Nanga mlingo woyenera ndi uti? Mu 2015 bungwe loona zaumoyo padziko lonse la World Health Organization linalangiza kuti shuga wochita kuthira m'zakudya ndi m'zakumwa asafike gawo limodzi mwa magawo 10 a mphamvu zimene munthu amapeza m'chakudya patsiku. Kwa munthu wamkulu zimenezi ndi magalamu pafupifupi 50, kapena masupuni 12. Bungweli linawonjezera kuti n'zabwino koposa munthu atatsikira pa magalamu 25, masupuni 6. Ndiye kuti botolo limodzi la mamililita 500 lapyola kale mlingo wa tsiku lonse, munthu asanalawe china chilichonse. Mwana mlingo wake ndi wocheperapo, koma botolo limene timamugulira ndi lomwelo la akuluakulu.

Apa ndi pamene nkhani ya mtengo imalowera, ndipo sindingadzudzule munthu wofunsa chotchipa. Kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, katundu yense muokala mwanga anakwera, ndipo aliyense anayamba kuwerenga khobidi lililonse asanalitulutse. Vuto n'lakuti tikamawerenga timayang'ana mbali imodzi yokha. Tiyerekeze kuti botolo la mamililita 300 likugulitsidwa K900, ndipo la mamililita 500 lili pa K1,000. Munthu wanzeru zake atenga lalikululo, chifukwa K100 yokha yamupatsa mamililita 200 owonjezera. Chimene sakuwerenga n'chakuti K100 yomweyo yamugulira masupuni ena 5 a shuga. Ndipo botolo likatsegulidwa palibe amasiya theka kuti amwe mawa, chifukwa gasi akhala atatha. Ndinaona kuti makasitomala anga akasamukira ku botolo lalikulu sachepetsa masiku omwera. Amamwa monga kale, kungoti tsopano akumwa wambiri.

Pali zakumwa zina zotchipa kwambiri zimene ndinapeza kuti nambala yake ya shuga ndi yotsika, magalamu 4 kapena 5, koma kutsekemera kuli chimodzimodzi. Chinsinsi chake chili pamndandanda wa zopangira. Mukaona maina ngati aspartame, saccharin, sucralose kapena acesulfame, dziwani kuti athiramo mankhwala otsekemeretsa amene kadontho kake kamagwira ntchito ya shuga wambiri, ndipo kwa wopanga amatsika mtengo kuposa shuga. Zoterezi sizikweza shuga wam'magazi ngati mmene zinazo zimachitira, n'chifukwa chake mayi akunyumba akalakalaka kwambiri amamwako zolembedwa kuti zilibe shuga. Komabe si madzi. Kuwawasa kwake kumadyabe mano, ndipo mu 2023 bungwe lomwe lija la World Health Organization linalangiza kuti anthu asadalire zotsekemeretsazi ngati njira yochepetsera thupi. Chinanso, chakumwa chikakhala chotchipa modabwitsa, yang'anani tsiku lotha ntchito ndi dzina la wopanga. Ngati n'chopangidwa kuno kwathu, onaninso chizindikiro cha Malawi Bureau of Standards.

Nditayamba kuwerenga zolembazi sindinalekere pazakumwa za gasi zokha. Juwisi wazipatso wam'mapaketi, amene ndinkamuyesa chakumwa cha odwala ndipo ndanyamulirapo anthu ambiri kuchipatala, ali ndi shuga wofanana ndi wam'zakumwa za gasi, ngakhale palembedwe kuti sanathiremo shuga. Chipatso chikafinyidwa, zotsalira zimene zimachedwetsa shuga kulowa m'magazi zimatayidwa. Kudya lalanje lathunthu n'kosiyana ndi kumwa madzi a malalanje anayi. Zakumwa zosungunula ndi madzi, zimene tonse timangozitchula kuti Sobo, zimadalira dzanja la wothira. Pabotolo pamalembedwa mlingo wosungunulira, koma kunyumba kwathu tinkathira mpaka mtundu uchite kuda, poopa kuti mlendo angatinene kuti ndife oumira. Ngakhale thobwa lathu lomweli, amayi ogulitsa pamsika amadziwa kuti likapanda shuga wokwanira silimalizika. Ndiponso ine amene ndikulemba pano, kapu yanga ya tiyi inkalandira masupuni anayi m'mawa uliwonse.

Sindikunena kuti shuga ndi mdani. Nzimbe za ku Nchalo ndi ku Dwangwa zikudyetsa mabanja ambiri, ndipo namwino uja anatiuzanso kuti munthu amene ali pamankhwala a shuga nthawi zina shuga wake amatsika kwambiri mpaka kunjenjemera ndi kutuluka thukuta, ndipo pamenepo chakumwa chotsekemera chimamupulumutsa. Nkhani ili pamlingo ndi pakuchuluka kwa masiku. Paja akuluakulu anati ichi chakoma ichi chakoma pusi anagwa chagada.

Mayiko ena anaona kuti mtengo ndi shuga ziyenera kuyendera limodzi. Ku South Africa, kumene abale athu ambiri amapita kukagwira ntchito, boma linayamba mu Epulo 2018 kudula msonkho pazakumwa zotsekemera. Magalamu 4 oyamba pa mamililita 100 salipiritsidwa, koma galamu iliyonse yopyola pamenepo ili ndi msonkho wake. Dziko la Britain linayambanso msonkho wofanana nawo mwezi womwewo, ndipo Mexico inali itayamba kale mu 2014. Ku South Africa ndi ku Britain makampani ambiri anachepetsa shuga m'zakumwa zawo kuti msonkho uwachepere. N'chifukwa chake chakumwa cha dzina limodzi chikhoza kukhala ndi shuga wosiyana malinga ndi dziko limene chapangidwira. Musadalire dzina, werengani botolo limene lili m'manja mwanu.

Chovuta kwambiri kwa ife sichinali masamu, chinali ulemu. Tinakula tikudziwa kuti Fanta ndi wa tsiku la Khirisimasi, pamodzi ndi mpunga ndi nkhuku, kapena wa tsiku limene wadwala malungo. Botolo linali chizindikiro chakuti munthu wakuwerengera. Mpaka lero mlendo akafika pakhomo timatuma mwana kuokala, ndipo kumupatsa madzi okha kumaoneka ngati kumunyoza. Pachinkhoswe makireti akachepa, anthu amakanena kwawo. Kale zinalibe vuto chifukwa zinkachitika kawiri kapena katatu pachaka. Lero chakumwa cha pachikondwerero chasanduka cha tsiku ndi tsiku, mwana akupita nacho kusukulu, woyendetsa kabaza akuchiyesa nkhomaliro pamodzi ndi sikono.

Mayi akunyumba atangoyamba mankhwala, alamu anga anabwera kudzazonda atanyamula chibotolo cha malita awiri. Tinalandira ndi manja awiri. Atakhala pansi ndinatulutsa mbale ija n'kuyamba kuthira masupuni. Anangoti kukamwa yasa, kenako anati, "Alamu, ndiye ndabwera kudzazonda kapena kudzamaliza?" Tinaseka tonse, koma ulendo wotsatira anabwera ndi mapapaya ndi masamba a nkhwani.

Muokala sindinasiye kugulitsa zakumwa. Ndinganame, chifukwa ndi zimene zimalipirira ana sukulu miyezi yotentha. Koma ndinasintha zinthu zingapo. Pachitseko cha filiji ndinamata pepala lolemba ndi dzanja, losonyeza masupuni a botolo lililonse pafupi ndi mtengo wake. Shelefu yapamwamba, imene maso amayambira kuona, ndinaikapo madzi. Mwana akatumidwa ndi ndalama yokwanira botolo lalikulu n'kunena kuti ndi lake, ndimamufunsa ngati ali ndi mnzake wogawana naye. Ena amandiseka kuti ndikudzithamangitsira makasitomala, ndipo n'zoona kuti mabotolo aakulu sakuyenda ngati kale. Kasitomala wina anandiuza kuti anabwera kudzagula chakumwa, osati kudzamva ulaliki, n'kupita kuokala yoyandikana nayo. Koma ena amaima, kuwerenga pepalalo, n'kusintha dzanja kupita ku botolo laling'ono. Bambo wina woyendetsa lole anajambula pepalalo pafoni kuti akaonetse akazi ake.

Ndikawerengera ndalama, zimene ndataya pamabotolo aakulu n'zochepa poyerekeza ndi zimene matendawa atidyera. Mwezi uliwonse pali ulendo wakuchipatala, tsikulo okala imatsegulidwa mochedwa, ndipo mankhwala akasowa timakagula kufamase. Izi zipitirira moyo wonse, poti shuga sachizika, amangosamalidwa. Kabala kaja kanapola, thupi linabwereramo, ndipo tsopano masana mayi akunyumba amakhala ndi chigubu cha madzi pambali pa kauntala.

Kwa inu owerenga anzanga, pempho langa ndi laling'ono. Funsani mtengo monga mwa nthawi zonse, chifukwa ndalama ndi yanu ndipo ikuvuta kupeza. Mukatero tembenuzani botolo, pezani nambala ya shuga, chulukitsani ndi kukula kwa botolo, gawani ndi 4. Mukaona kuti masupuniwo simungawathire m'kapu ya mwana wanu, tengani laling'ono, gawanani awiri, kapena sungani la Lamulungu lokha. Ndipo ngati muli ndi ludzu losatha, mukudzuka pafupipafupi usiku, mukuonda popanda chifukwa kapena muli ndi bala losapola, musathamangire kufiliji yanga. Pitani kuchipatala akakuyezeni magazi, chifukwa ife tinachedwa ndi miyezi ingapo tikunamizira dzuwa la ku Balaka.