David Rubadiri: Mlembi Amene Analembera Kuchilendo

Ophunzira ambiri mukafunsidwa za mlembi mumangotchula chaka chimene anabadwa ndi maina a mabuku ake. Zimenezi sizikwanira. Woyesa mayeso amafuna aone ngati mukutha kulumikiza moyo wa mlembi ndi zimene analemba. Tiyeni tione chitsanzo cha a David Rubadiri, mlakatuli amenenso analemba nthano yaitali ndi sewero, yemwe anakhala kunja kwa Malawi zaka pafupifupi 30 chifukwa cha ndale.

Mbiri ya moyo wawo

A Rubadiri anabadwa m'chaka cha 1930 ku Liuli, m'mphepete mwa nyanja ya Malawi, mbali ya ku Tanzania. Anaphunzira ku King's College, Budo, m'dziko la Uganda, kenaka ku Makerere, ndipo anakapitiriza maphunziro awo ku Bristol ndi ku Cambridge, ku Mangalande. Ali mphunzitsi kuno kwathu, anamangidwa m'chaka cha 1959 pamene boma la atsamunda linkagwira anthu omenyera ufulu. Inu a ku Chinyonga ndi madera oyandikana nawo, phiri la Soche mumaliona tsiku ndi tsiku. Dziwani kuti a Rubadiri anakhalapo mkulu wa Soche Hill College, sukulu yosula aphunzitsi imene inatenga dzina la phirilo.

Dziko litalandira ufulu mu 1964, iwo anasankhidwa kukhala kazembe woyamba wa Malawi ku America ndi ku bungwe la United Nations. Koma chaka chomwecho kunabuka kusamvana pakati pa Dr. Hastings Kamuzu Banda ndi nduna zake monga a Kanyama Chiume, a Orton Chirwa ndi a Masauko Chipembere. Mwa zina, ndunazo zinkadandaula za ndalama ya tiki imene odwala ankalipira m'zipatala, kuchedwa kukweza Amalawi pa ntchito za boma, ndi ubale wa Malawi ndi Apwitikizi. A Rubadiri sanagwirizane ndi kayendetsedwe ka zinthu, choncho mu 1965 anatula pansi udindo wawo ndipo sanabwerere kwawo.

Anakaphunzitsa ku Makerere, koma nakonso ulamuliro wankhanza wa Idi Amin unawasamutsa. Anapita ku Nairobi, kenaka ku yunivesite ya Botswana. Ulamuliro wa chipani chimodzi utatha mu 1994, njira yobwerera inatseguka. Pambuyo pake anakhalanso kazembe ku United Nations, ndipo mu 2000 anakhala mkulu wa yunivesite ya Malawi. Anamwalira mu 2018.

Zolemba zawo

Sewero lawo la Come to Tea linatuluka mu 1965. Nthano yaitali ya No Bride Price inasindikizidwa ku Nairobi mu 1967. Mutu wakewo ukutanthauza kuti palibe malowolo. Mpangankhani wamkulu ndi Lombe, wogwira ntchito m'boma la dziko lina la mu Africa limene langolandira kumene ufulu. Lombe akukwezedwa pa ntchito, koma posakhalitsa akuzindikira kuti udindo wake uli m'manja mwa nduna yotchedwa Chozo, munthu wokonda mphamvu ndi zachinyengo. Kumapeto asilikali akulanda boma.

Mfundo zazikulu m'bukuli ndi katangale, kugwiritsa ntchito udindo molakwika, moyo wotayirira wa m'tauni, ndi kukhumudwa kwa anthu amene ankayembekezera zabwino pa ufulu. Onani zaka: bukuli linatuluka patangotha zaka ziwiri mlembi atasiya ukazembe. Iye anali ataona ndi maso ake mmene ndale zimakwezera munthu lero, mawa n'kumugwetsa.

Pa ndakatulo, yodziwika kwambiri ndi An African Thunderstorm, imene ikufotokoza mvula yamkuntho ikuyandikira mudzi: ana akusangalala, amayi akuthamanga uku ndi uku. Ambiri amati mkunthowo ukuimira kubwera kwa atsamunda. Ina ndi Stanley Meets Mutesa, yonena za ulendo wa Henry Morton Stanley kukakumana ndi mfumu ya Buganda mu 1875. Mu 1971, mothandizana ndi David Cook, anasonkhanitsa ndakatulo m'buku la Poems from East Africa.

Kodi kukhala kuchilendo kumamusintha bwanji mlembi?

Choyamba, kumamupatsa ufulu wonena zimene kwawo sakanatha kunena. Alembi amene anatsala kuno ankabisa tanthauzo m'zining'a ndi m'mikuluwiko poopa bungwe lounika mabuku limene linakhazikitsidwa mu 1968, ndipo a Jack Mapanje anamangidwabe mu 1987. Chachiwiri, kumamulanda awerengi a kwawo. N'chifukwa chake kwa nthawi yaitali a Rubadiri ankadziwika kwambiri m'sukulu za ku Uganda ndi ku Kenya, ndipo ena ankawayesa mlembi wa kumeneko.

Zotere sizinachitike ku Malawi kokha. Witold Gombrowicz wa ku Poland, mlembi wa nthano zazitali ndi masewero, anafika ku Argentina mu 1939, nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatsala pang'ono kuyamba. Anakhala kumeneko zaka 24 ndipo anamwalira ku France mu 1969 osabwereranso ku Poland. Kusiyana kwake n'kwakuti a Rubadiri anabwerera n'kudzatumikiranso dziko lawo.

Chenjezo polemba mayeso

Musasokoneze mlembi ndi mpangankhani. Lombe si a Rubadiri, ndipo dziko la m'bukuli si Malawi yekha ayi. Mbiri ya mlembi ikuthandizeni kufotokoza chifukwa chimene anasankhira mfundo zake, koma umboni wa yankho lanu uchokere m'nkhani momwemo.

Mafunso

1. Fotokozani zifukwa ziwiri zimene zinachititsa kusamvana kwa mu 1964.
2. Kodi moyo wa a Rubadiri ukugwirizana bwanji ndi mfundo za mu No Bride Price?
3. Perekani ubwino umodzi ndi kuipa kumodzi kolembera kuchilendo.