Anavina kwawo kukugwa mabomba

Ukwati ukamayandikira ku Mbayani, kuseri kwa nyumba kumamveka nyimbo imodzimodzi kuyambira dzuwa litapendeka mpaka mdima. Ndi anyamata ndi atsikana operekeza akwati akukonzekera masitepi. Sipika aiika pampando, foni ili m'manja mwa wophunzitsa, fumbi lili koboo, ana aunjikana m'mbali. Wina akaphonya phazi nyimbo imaima, onse n'kubwerera poyambira. Amakhetsa thukuta masabata angapo chifukwa cha mphindi zochepa zolowera mu holo, achibale akufupa.

Kuli anthu ena amene moyo wawo wonse ndi wotero, kungoti iwo amavinira pa madzi oundana, ndipo owapenya si achibale ofupa koma oweruza osunga mapointi. Awiri mwa iwo anali Oleksandra Nazarova ndi Maksym Nikitin a mumzinda wa Kharkiv ku Ukraine, amene anavina limodzi zaka pafupifupi 18.

Gule wake ndi wa anthu awiri, mwamuna ndi mkazi. Bwalo lake ndi ayisi wosalala, wotalika mamita 60 ndi mamita 30 m'lifupi. Nsapato zake zili ndi chitsulo chopyapyala kunsi, mamilimita anayi okha kunenepa kwake, ndipo munthu yense amaima pa kachitsulo kameneko akuthamanga. Malamulo ake ndi okhwima. Mwamuna saloledwa kuponya mnzake m'mwamba ngati mmene amachitira m'masewera ena a pa ayisi. Awiriwo sayenera kutalikirana nthawi yaitali. Pali malo pamene onse amazungulira pa phazi limodzi uku akupita kutsogolo, ndipo ayenera kuyamba pamodzi n'kumaliza pamodzi. Oweruza asanu ndi anayi amayang'ana mmene phazi laterera ndi mmene thupi lamverera nyimbo, pomwe ena atatu amaunika pa kanema ngati sitepi iliyonse yakwana. Mmodzi akagwa, pointi yapita. Mpikisano uli ndi zigawo ziwiri: gule wamfupi wa mphindi zosakwana zitatu, amene mtundu wa nyimbo zake amasankha ndi akuluakulu a bungwe la International Skating Union, ndi gule wa mphindi zinayi amene ovina amadzisankhira okha.

Gule ameneyu analowa m'masewera a Olimpiki a nyengo yozizira mu 1976 ku Innsbruck, ndipo oyamba kutenga golide anali Lyudmila Pakhomova ndi Aleksandr Gorshkov a dziko la Soviet Union. Ukraine itachoka mu Soviet Union n'kuima payokha mu 1991, inatengako sukulu ndi aphunzitsi a nthawi imeneyo. Komabe mendulo ya Olimpiki pa gule wa awiriawiriyu inaipeza kamodzi kokha, mu 2006 ku Torino, pamene Elena Grushina ndi Ruslan Goncharov a ku Odesa anakhala achitatu. Nawonso sanafike pamenepo tsiku limodzi: ku Nagano mu 1998 anali pa nambala 15, ku Salt Lake City mu 2002 anali pa nambala 9.

Nthawi imene Grushina ndi Goncharov ankalandira mendulo yawo, Nazarova ndi Nikitin anali ana apulayimale. Mtsikanayo anabadwa mu 1996, mnyamatayo mu 1994. Mphunzitsi wawo, Halyna Churilova, anawaphatikiza cha m'ma 2004, ndipo sanasiyanenso. Izi si zachilendo kokha, n'zosowa. Ovina ambiri amasintha anzawo kawiri kapena katatu: wina watalika kwambiri, wina wavulala bondo, wina wapeza dziko lolipira bwino n'kusintha mbendera. Awiriwa anakulira m'manja mwa wina ndi mnzake.

Zipatso zinayamba kuoneka mu 2012, atatenga siliva pa Olimpiki ya achinyamata ku Innsbruck. Mu 2015 ku Tallinn anakhala achitatu pa mpikisano wa achinyamata wa dziko lonse. Mu 2017 anatenga golide ku Almaty pa masewera a ophunzira a m'mayunivesite. Kwawo ku Ukraine anakhala akatswiri a dziko kasanu ndi kamodzi. Pofuna kukwera, anasiya makolo n'kukaphunzira kwa Alexander Zhulin ku Moscow, komanso kwa Igor Shpilband ku Michigan m'dziko la America.

Koma pakati pa akuluakulu a dziko lonse khomo silinatseguke msanga. Pa Olimpiki, magulu 20 okha ndi amene amaloledwa kuvina chigawo chachiwiri. Ku Pyeongchang mu 2018, Nazarova ndi Nikitin anathera pa nambala 21. Anakonzekera zaka zinayi, anavina mphindi zosakwana zitatu, n'kulongedza. Anabwerera kukayambiranso, ndipo ku Beijing mu Febuluwale 2022 analowa m'gulu la 20 lija. Munthu wongowerenga manambala anganene kuti zaka zinayi anangokwera sitepi imodzi. Amene anaonapo wovina akubwereza phazi limodzi mpaka miyendo kunjenjemera sanganene choncho.

Chaka chimenecho chili ndi kanthu kamene achinyamata a ku Mbayani ayenera kukamva. Bungwe loyendetsa masewerawa linalamula kuti gule wamfupi wa nyengo ya 2021 mpaka 2022 akhale wa mavinidwe a mumsewu: hip hop, funk, disco, reggae ndi ena otero. Mavinidwe omwewo amene anyamata amaonetsana pafupi ndi msika wa Mbayani kapena ku Chemusa, akuluakulu n'kumati akutaya nthawi, ndi amene akatswiri a dziko lonse ankavutika kuwaphunzira kuti akapeze nawo mendulo. Mu 2024 ku Paris, gule wa breaking analowa mu Olimpiki payekha, wosafuna ayisi kapena nsapato zodula, koma pansi posalala ndi nyimbo.

Dziko la Malawi linayamba kupita ku Olimpiki mu 1972 ku Munich, koma ku Olimpiki ya nyengo yozizira silinapondeko. Palibe wodabwa. Mabwalo a ayisi mu Africa ndi owerengeka: Amalawi okhala ku Johannesburg mwina anaonapo la ku Northgate, ndipo ku Nairobi kuli lina ku hotela ya Panari. Chodandaulitsa si kusowa kwa ayisi. Kupikisana pa gule si chinthu chobwera kuno. Magulu a malipenga ku Nkhata Bay ndi ku Karonga akhala akuyenderana n'kumapikisana kuyambira kale, mganda ndi beni chimodzimodzi, ndipo owonerera amadziwa bwino amene wapambana. Chimene mwana wa ku Kharkiv ali nacho, chimene wa ku Mbayani alibe, ndi makwerero: mphunzitsi womutenga ali ndi zaka zisanu ndi ziwiri, mpikisano wa chaka ndi chaka, ndi mapointi olembedwa amene angamuuze pamene wafika. Wovina waluso wa ku Mbayani amathera pa ukwati, pa msonkhano wa ndale, kapena kumbuyo kwa woimba mu vidiyo, dzina lake losalembedwa n'komwe.

Olimpiki ya ku Beijing inatsekedwa pa 20 Febuluwale 2022. Patangopita masiku anayi, pa 24 Febuluwale, asilikali a Russia analowa mu Ukraine. Kharkiv, mzinda wachiwiri kukula m'dzikolo, uli pafupi kwambiri ndi malire a Russia, mtunda wochepa kuposa wochokera ku Blantyre kukafika ku Zomba. Mabomba anayamba kugwa pa nyumba za anthu. Mabanja anathawira m'zipinda zapansi ndi m'masiteshoni a sitima za pansi pa nthaka. Nkhondo imeneyi inafikanso ku Mbayani mwa njira yake: Ukraine ndi Russia ndi mayiko ogulitsa kwambiri tirigu ndi mafuta a mpendadzuwa, Russia imagulitsanso feteleza, ndipo amayi okazinga mandasi anaona mitengo ya ufa ndi mafuta ophikira ikukwera chaka chomwecho.

Nazarova ndi Nikitin nkhondo inawapeza kwawo. Mpikisano wa dziko lonse unali utatsala mwezi umodzi, ku Montpellier m'dziko la France. Bwalo lokonzekera panalibe. Amuna a zaka 18 mpaka 60 boma linawaletsa kutuluka m'dziko popanda chilolezo. Zinthu zitafika pa mwana wakana phala, awiriwa anapeza njira yotulukira n'kukafika ku Poland, kumene anzawo anawapatsa malo oti akonzekere masiku ochepa amene anatsala.

Kumeneko anachita chinthu chimene wovina wa mpikisano sachita. Gule amene anamukonza chaka chathunthu anamusinthira nyimbo. Anaika nyimbo yotchedwa 1944 ya Jamala, imene inapambana mpikisano wa Eurovision mu 2016 ndipo imakamba za kusamutsidwa mokakamiza kwa anthu a mtundu wa Chitata a ku Crimea m'nthawi ya Stalin. Anaphatikizapo nyimbo yakale ya kwawo imene woimba Andriy Khlyvnyuk anaiimba mumsewu wa ku Kyiv nkhondo itangoyamba. Pa ayisi sitepi iliyonse imawerengedwa motsatira kugunda kwa nyimbo, ndiye kusintha nyimbo n'kumanganso gule yense.

Pa 25 Malichi analowa m'bwalo la ku Montpellier. Sanavale zovala zonyezimira za mpikisano, koma malaya wamba a timu yawo, a mtundu wa mbendera ya Ukraine, wobiriwira ngati thambo ndi wachikasu. Ovina a ku Russia ndi Belarus kunalibe, chifukwa bungwe la masewerawa linali litawaletsa kumayambiriro kwa mwezi womwewo. Nyimbo itatha, anthu onse m'bwalomo anaimirira n'kuwomba m'manja kwa nthawi yaitali, ena akupukuta misozi. Oweruza anawaika pa nambala 16, kutanthauza kuti analoledwa kuvina chigawo chachiwiri.

Sanachivine. Gule wawo wa mphindi zinayi anali pa nyimbo za filimu ya Moulin Rouge, za chikondi ndi chisangalalo cha mu Paris, ndipo iwo anaona kuti si zoti angavine abale awo akugona m'zipinda zapansi. Nthawi yokonzanso gule wachiwiri panalibe. Anthu amene mu 2018 anamanidwa chigawo chimenechi ndi nambala imodzi, tsopano anachipeza n'kuchisiya okha. Golide anatenga Gabriella Papadakis ndi Guillaume Cizeron a ku France, amene analinso atapambana ku Beijing. Patapita miyezi yochepa Nazarova ndi Nikitin analengeza kuti asiya kupikisana, wamkaziyo ali ndi zaka 25, mnzake 27.