Kuwira kwa mphika si mphamvu ya mankhwala

Ambiri amakhulupirira kuti mizu ndi masamba zikawira nthawi yaitali, madzi mpaka kuda bii, ndiye kuti mphamvu yonse ya mankhwala yatuluka. Mfundoyi ili ndi pogwira, chifukwa madzi otentha amasungunuladi zinthu msanga kuposa ozizira. Koma moto susankha: zina umatulutsa, zina umapha.

Taonani LA, mankhwala a malungo amene Malawi idayamba kugwiritsa ntchito mu 2007. Gwero lake lina ndi chitsamba cha Artemisia annua, chimene ku China amati qinghao. Dzikolo lidakhazikitsa Project 523 mu 1967 kuti lipeze mankhwala atsopano a malungo, ndipo gulu la Mayi Tu Youyou lidayesa chitsambachi pochitenthetsa monga mwa nthawi zonse. Zotsatira zake zinali zosadalirika, lero zagwira, mawa ayi. Mayiwa atabwerera ku zolemba za Ge Hong, sing'anga wa zaka za m'ma 300, adapeza kuti iye ankangoviika masambawo m'madzi n'kuwafinya, osawaika pamoto. Adaganiza kuti kutentha ndiko kunkaononga zinthu, choncho adasankha ether, amene amawira pa madigiri 35 okha pamene madzi amafuna 100. Mu 1971 zimene adatulutsazo zidathetseratu tizilombo ta malungo mu mbewa zoyeserapo, ndipo mu 2015 adalandira mphoto ya Nobel.

Palinso oganiza kuti madzi amatulutsa chilichonse. Wirikizani nkhuni mmene mungathere, mafuta ndi madzi sizidzagwirizana. N'chifukwa chake mafakitale ambiri oyenga mafuta a soya amagwiritsa ntchito hexane wofunda, amene amawira pa madigiri pafupifupi 69, kenako amamuchotsa ndi nthunzi. Ether ndi hexane amayaka ndi kalawi kakang'ono chabe, si zoyesera pa mbaula.

Artemisinin, amene ndiye mphamvu ya mankhwala m'chitsamba cha Artemisia chija, naye sasungunuka bwino m'madzi, ndipo kuchuluka kwake m'masamba kumasiyana malinga ndi mbewu, nthaka ndi kaumitsidwe. Womwa tiyi wa chitsambachi sadziwa mlingo umene wamwa, ngakhale kapuyo iwawe chotani, pakuti kuwawako kumachokeranso ku zinthu zina za m'tsambalo. Mlingo ukaperewera, tizilombo totsala timatha kuzolowera mankhwalawo, ndipo pa chifukwa chimenechi bungwe la WHO silivomereza tiyi wa Artemisia pochiza malungo.