Gertrude Kamkwatira: Mayi amene sadalole nsanja kuzizira

Masiku amenewo, Lamulungu likafika masana, okonda zisudzo mumzinda wa Blantyre sankafunsana kolowera. A ku Ndirande, a ku Zingwangwa, a ku Bangwe ndi a ku Limbe ankakwera minibasi n'kukatsikira ku Chichiri, ulendo wa ku French Cultural Centre. Mwa mayina amene ankadzaza bwalo limeneli padali la mayi mmodzi, Gertrude Webster Kamkwatira.

Kamkwatira adatchuka ali m'gulu la Wakhumbata Ensemble Theatre, lomwe malemu Du Chisiza Jr adaliyambitsa m'chaka cha 1987. Ili lidali gulu loyamba m'dziko muno kutenga zisudzo ngati ntchito yodyera, osati chongotayitsa nthawi munthu akaweruka. Du atamwalira mu February 1999, ali ndi zaka 35 zokha, funso lidali loti ndani angavale nsapato zake. Udindo wotsogolera gululi udagwera Kamkwatira.

Sudali udindo wamasewera. Mtsogoleri wa gulu la zisudzo amalemba sewero, kugawa mbali, kuphunzitsa anzake, kulipira holo ndi kusaka galimoto yopita ku Zomba, ku Lilongwe kapena ku Mzuzu, zonsezi akudalira ndalama za pakhomo zomwe sadziwa ngati zikwane. Mvula ikagwa, kapena kukakhala mpira waukulu pabwalo la Chichiri, mipando imayang'anana yokha. Onjezanipo maganizo a makolo ambiri a nthawiyo, omwe ankaona mtsikana wochita zisudzo ngati wolowerera, ndipo muona kukula kwa katundu amene mayiyu adasenza.

Patapita nthawi adachoka ku Wakhumbata n'kuyambitsa gulu lakelake la Wanna-Do Ensemble Theatre. Adalemba masewero oposa khumi m'Chingerezi, ena mwa iwo ndi It's My Fault, Jesus' Retrial ndi Breaking the News. Mu It's My Fault adakamba za nkhanza za m'banja, nkhani yomwe ambiri ankaiyesa ya kuchipinda, yosayenera kutuluka pakhomo. Iye adaitulutsa n'kuiika pansanja, amuna ndi akazi awo atakhala pampando umodzi akuonera. Adakhalaponso mtsogoleri wa bungwe la National Theatre Association of Malawi komanso wapampando wa bungwe loteteza ntchito za aluso la Cosoma.

Adamwalira m'chaka cha 2006 ali ndi zaka pafupifupi 40, msinkhu womwe wolemba masewero amakhala atangoyamba kukhwima.

Chowawa pa ntchito ya pansanja n'chakuti sewero limatha anthu akaomba m'manja. Filimu siitero. Taonani za ku Germany: nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatha mu 1945, mzinda wa Berlin udali mabwinja okhaokha, koma chaka chotsatira anthu akumeneko adatulutsa filimu ya Die Mörder sind unter uns, momwe mudali mtsikana wotchedwa Hildegard Knef. Knef adamwalira mu 2002, komabe wofuna kuona luso lake angathe kuyatsa kanema lero lomwe n'kumuona akuyenda m'mabwinjamo.

Kamkwatira adagwira ntchito yake m'dziko lomwe lidalibe makampani opanga mafilimu. Ngakhale wailesi ya kanema idangofika mu 1999, pomwe Television Malawi idayamba kuulutsa, ndipo m'tinyumba toonetsera vidiyo m'misika munkangomveka mafilimu a ku Nigeria ndi a karate. N'chifukwa chake mwana wobadwa lero, akafuna kudziwa mmene mayiyu ankalankhulira pansanja, amadalira kwambiri zimene angamuuze amene adalipo.

Khomo la mafilimu lidatseguka iye atangopita kumene. Shemu Joyah adajambula Seasons of a Life, nkhani ya mtsikana wantchito yapakhomo yemwe bwana wake adamupatsa pathupi, kenako n'kudzamenyera mwana wake kukhoti. Mu 2010, pa mphoto za Africa Movie Academy Awards ku Nigeria, Tapiwa Gwaza adapata mphoto ya mayi wothandizira bwino m'filimu, pomwe Flora Suya adali m'gulu la opikisana pa mphoto ya mayi wotsogolera. Nkhani yotere, ya mayi woponderezedwa m'nyumba, ndi yomwe Kamkwatira ankaikonda.

Winanso ndi Joyce Mhango Chavula, yemwe adadutsa ku Wanna-Do komweko. Potengera chitsanzo cha Kamkwatira, iye adasiya ntchito yolembedwa mu 2009 n'kuyambitsa gulu la Rising Choreos. Mu 2016 filimu yake yotchedwa Lilongwe idapambana ngati filimu yabwino koposa ya kummwera kwa Africa pa mphoto za Africa Magic Viewers' Choice Awards mumzinda wa Lagos.

Bwalo la ku Chichiri lija lidasintha manja a ku France atachoka mu 2011. Lidaonongedwa ndi akuba, boma lidalitenga, ndipo tsopano limatchedwa Blantyre Cultural Centre.