MAYI AGNÈS VARDA: MMISIRI AMENE ANAKANA KHASU LOBWEREKA

Pa 29 Malichi 1919 ndi pa 29 Malichi 2019 pali zaka zana, koma tsiku limene okonda kanema m'dziko la France saliiŵala ndi lachiŵirilo, pakuti ndi pamene Mayi Agnès Varda anamwalira mumzinda wa Paris ali ndi zaka 90. Tiyenera kufotokoza mbiri yawo chifukwa ikuonetsa phindu la kudzidalira pantchito, ndiponso mtengo wake woŵaŵa.

Ntchito ya kanema ili ndi mbali zitatu zazikulu. Pali wotsogolera oseŵera ndi ojambula, pali wodula ndi kulumikiza zithunzi kuti nkhani imveke, ndipo pali wofuna ndalama ndi kuyendetsa zonse. Kaŵirikaŵiri mwini ndalama ndiye amakhala ndi mawu omaliza, ndipo mmisiri amangomvera. Mayi Varda anasankha kugwira mbali zitatu zonsezi.

Iwo anabadwa mu 1928 ku Ixelles m'dziko la Belgium, ndipo nthaŵi ya nkhondo yachiŵiri banja lawo linakakhala ku Sète, doko la kumwera kwa France. Anayamba ntchito ngati wojambula zithunzi zoima. Mu 1954, asanaphunzire za kanema kusukulu iliyonse, anakhazikitsa kabungwe kawo, kamene pambuyo pake kanatchedwa Ciné-Tamaris, najambula La Pointe Courte pakati pa asodzi a ku Sète. Ndalama zinali zochepa zedi, kotero oseŵera ndi amisiri anagwira ntchito mogwirizana popanda malipiro a nthaŵi yomweyo. Wolumikiza zithunzi anali Bambo Alain Resnais, ndipo Mayi Varda anaphunzira zambiri pokhala nawo pambali.

Akuluakulu anati walira mvula walira matope. Kanemayo sanaonetsedwe m'nyumba zambiri, ndipo mayiwo anadikira mpaka 1962 kuti atulutse kanema wina wamtali, Cléo de 5 à 7, wosimba za mkazi woyimba amene akudikira zotsatira za kuchipatala. Mu 1966 kanema wawo Les Créatures sanakondedwe, ndipo kupeza ndalama kunavuta koposa. Ambiri akadagonja nkukadzipereka kwa eni chuma. Iwo sanatero.

Chimene chikutiphunzitsa kwambiri ndi m'mene anasandutsira kusoŵa kukhala luso. Pamene anali ndi mwana wamng'ono ndipo sakanatha kupita kutali, analumikiza chingwe cha magetsi cha mamita pafupifupi 90 kuchokera m'nyumba mwawo, najambula ophika buledi, ogulitsa nyama ndi eni masitolo a mumsewu wawo wa rue Daguerre, kulekezera pamene chingwecho chinafika. Umo ndi m'mene Daguerréotypes anapangidwira. Mu 1985 kanema wawo Sans toit ni loi, wonena za mtsikana wosoŵa pokhala amene apezeka atafa ndi chisanu m'ngalande, analandira mphoto yaikulu ya Mkango wa Golide ku Venice. Mu 2000, ali ndi zaka zoposa 70, ananyamula kamera yaing'ono ya m'manja nkuyendayenda m'minda ndi m'misika kujambula anthu okunkha mbatata ndi zakudya zotayidwa, ndipo dzina la kanemayo ndi Les Glaneurs et la glaneuse.

Ulemu unabwera mochedwa. Mu 2015 analandira mphoto yaulemu ya Palme d'or ku Cannes, ndipo mu 2017 anakhala mkazi woyamba mwa otsogolera kanema kulandira Oscar yaulemu. Koma phindu lokhalitsa lili kwina: popeza kabungwe kanali kawo, ntchito zawo zinasungidwa ndi kukonzedwanso pakhomo pawo pomwe, pamodzi ndi za amuna awo, Bambo Jacques Demy, amene anamwalira mu 1990.

Inu aphunzitsi ndi akuluakulu a m'maofesi, pamene wachinyamata abwera kwa inu ndi maganizo abwino koma ali chimanjamanja, musafulumire kumuuza kuti adikire zipangizo zokwanira. Mufunseni chimene ali nacho pafupi, ndipo mumthandize kuyambira pamenepo. Muchenjezeninso moona kuti njira imeneyi ili ndi zaka za njala, monga Mayi Varda anazionera okha.